Mwendo Umene Unatsala Kutsidya

Ndikakumbukira a Chimwaza, oyandikana nafe ku Thambani, ndimamva fungo la sipiriti wa kuchipatala losakanikirana ndi utsi wa zitsononkho, ndipo ndimaona mabotolo aja pawindo lawo, momwe munkayandama tinthu totuwa tonga mtedza wonyowa. Unali ubongo wa makoswe. Bambowa anaphunzitsa kuyunivesite zaka zambiri, akufufuza ndi kulemba mabuku a momwe ubongo umalamulira zochita za munthu, koma kwathu ankangoti ndi mfiti yophunzira. Ife ana tinkadutsa pakhomo pawo titagwira mitu, kuopa kutichotsa wathu.

Bambo anga analibe mwendo wamanzere. Anaponda bomba lokwirira kutsidya kwa malire akukagula mbuzi, ndipo mwendowo unakwiriridwa komweko. Koma phazi lomwe panalibelo linkawapweteka dzuwa likuswa mtengo. Ankati zala zapindika, zikhadabo zikulowa m'mnofu, ndipo ankasisita mphasa pamalo opanda kanthu. Achibale anagamula kuti mwendowo unaikidwa chopinda, choncho amayi apite ndi amalume akaufukule n'kuuwongola. Kutchire komwe kuja, kwa mabomba. Ndinalira mpaka mawu anasasa.

M'mawa wa ulendowo a Chimwaza anatulukira atasenza galasi lalitali la pawadirobu. Sanatsutse munthu. Anangopempha amayi kuti ayambe adikira, n'kundiuza ndiligwirize pakati pa ntchafu za bambo, litayang'ana mwendo wabwinowo.

Ndinasuzumira m'galasimo. Bambo anali ndi miyendo iwiri.

"Yang'anani m'galasimo, achimwene, mutambasule zala zonse pang'onopang'ono," anatero a Chimwaza.

Zala za mapazi onse zinatambasuka. Bambo anapumira m'mwamba, misozi ili chuchuchu, n'kunena chapansipansi kuti zamasuka.

"Mwendo uli m'dothiwo ulibe mlandu, mayi," a Chimwaza anauza amayi. "Ubongo ndiwo sunalandire uthenga wa maliro."

Amayi anatula kathumba kawo ka paulendo. Ululu unkabwererabe nthawi zina, n'chifukwa chake galasi linakhalira kwathu, koma kutchire kuja sikunapite munthu.

Bambo ndi a Chimwaza anatisiya kalekale, ndipo galasilo lili kwanga kuno ku boma. Masana ena ndikamasesa, ndimamva ndodo ya bambo ikugogoda pasimenti kumbuyo kwanga, go, go, go. Ndimadziwa bwino lomwe kuti ndi ubongo wanga umene sunalandire uthenga. Komabe ndimapatuka kuti adutse, ndipo m'galasimo sindiyang'anamo.