Lachisanu limene ndinakatula wezulo ku Al Sadd

Ndinatuluka m'chipinda chathu ku Al Mansoura 2 koloko itangokwana, chikwama cha majezi chili kumsana, wezulo ali m'thumba la malaya. Anzanga asanu amene ndimagona nawo anali m'tulo ta masana, wina foni ikumuimbira nyimbo pachifuwa. Sindinadzutse aliyense. Munthu wopita kukachotsedwa ntchito safuna omuperekeza.

Sindikunena ntchito ya pageti ayi, imeneyo ndaigwira zaka zinayi popanda wondiloza chala. Ndikunena ya ukochi. Amalawi amene tili kuno ku Doha tili ndi katimu kathu ka mpira ka alonda, madalaivala ndi ogwira ntchito m'mahotela. Lachisanu lililonse timabwereka bwalo la sukulu ina kuseri kwa Al Sadd kwa ola limodzi ndi theka, n'kumenyana ndi anzathu a ku Kenya, Uganda kapena Ghana. Kochi wake ndinali ine. Sabata yonse ndine munthu wotsegulira ena chitseko, wosafunsidwa dzina. Lachisanu lokha ndi pamene ndinkamva wina akuti "akochi", ndipo ndisaname, dzinalo linkanditsekemera.

Tinali titagonja masewero anayi otsatizana. Ndiye Lachitatu, pa gulu lathu la pafoni, mlembi wa timu analemba kuti, "Akochi, komiti yonse ili pambuyo panu." Wina akanathokoza. Ine ndinadziwa kuti zavuta. Mpira wa ku Mangalande ndautsatira kuyambira ndili ku sekondale, ndipo chimene chimandikoka si osewera koma mamanijala, makochi akumeneko: uyu anayambira timu iti, anakhalapo nyengo zingati, anapambana kangati, anachoka bwanji. Ndimadziwa za amene anakhala pa timu imodzi mpaka imvi mbuu, za amene anathamangitsidwa asanazolowere n'komwe mpando wa mu ofesi, ndi za madoda aja ongoitanidwa timu ikatsala pang'ono kutuluka mu ligi, ngati sing'anga womuthamangira wodwala atayamba kale kutembenuza maso. Pa zonsezo ndinaphunzirapo chimodzi. Kumeneko mabwana akangolengeza kuti ali pambuyo pa manijala, manijalayo ayambe kumanga katundu. Amakhaladi pambuyo pako, koma n'cholinga choti akukankhe bwino.

Lachinayi kunabwera uthenga wina, wochokera kwa Che Mussa, woti tikakumane ku Al Asmakh tisanapite ku bwalo. Che Mussa ndi dalaivala wa ku Mangochi, mkulu wa tonsefe, ndipo mpira sasewera. Iwo ndi amene timawatuma nkhani ikakhala yolemera: maliro akumudzi, ndewu ya m'chipinda, mkazi wa munthu akadandaula. Akakuitana Che Mussa kuti mukamwe tiyi, dziwa kuti tiyiyo ali ndi mchira. Choncho ndinatsimikiza mtima kuti sindidikira kukankhidwa. Ndikatula ndekha udindo, monga achitira mamanijala aulemu wawo, ndi mawu aja akuti tagwirizana kusiyana mwamtendere.

Pa siteshoni ya sitima yapansi panthaka ya Al Mansoura ndinagunditsa khadi pa makina, mariyali awiri n'kupita. Kunja kunali kadzuwa ka Januwale kosapweteka, koma pansi apo mphepo ya makina inkazizira ngati m'bandakucha wa ku Dedza, ine thukuta lili kamukamu. Sitima za kuno zilibe dalaivala, zimangodziyendera, ndipo tsiku limenelo ndinazisirira chifukwa palibe woti komiti imukhalire pansi. Ndinalephera kukhala pampando. Ndinaima pafupi ndi chitseko n'kumabwereza mawu anga chamumtima, kusintha apa, kuwonjezera apo. Bambo wina wa ku Sudan, atavala jezi ya timu ina ya ku Mangalande yomuthina pamimba, anaona majezi akusuzumira m'chikwama changa n'kufunsa m'Chingerezi ngati ndine kochi. Ndinavomera.

"Timu ikuyenda bwanji?"

"Tikumanganso," ndinatero, monga amayankhira mamanijala onse amene zinthu zawavuta.

Anaseka mpaka kugwira chitsulo. Anati wa timu yake wakhala akumanganso kwa zaka zitatu, ndipo nyumbayo ilibe ngakhale chitseko.

Ndinatsika pa Msheireb mphindi makumi awiri zitapitirira 2 koloko. Mukatuluka pamenepo mumayamba mwadutsa nyumba zatsopano zoyera mbee, misewu yosesedwa yoti mungadyerepo. Mukangowoloka msewu umodzi mwalowa Al Asmakh: nyumba zakale za penti wosupuka, zovala zoyanikidwa m'mazenera, madzi akudontha kuchokera m'makina oziziritsira, ndi amuna mazanamazana atakhala m'mbali mwa msewu chifukwa Lachisanu ndi tsiku lokhalo lopuma ndipo kokapumirako kulibe. Ndinkayenda mothamanga popanda chondithamangitsa.

Che Mussa ndinawapeza m'kalesitilanti ka Amwenye, atavala mkanjo woyera wa ku mzikiti, ataitanitsa kale makapu awiri a karaki, tiyi wamkaka uja wa riyali imodzi, ndi chapati ziwiri zokulungiza dzira.

"Akochi, khalani pansi. Mpira suthawa."

Anayamba ndi mvula. Akuti ku Mangochi yagwa mochedwa, koma ku Machinga anthu apalira kale. Anapita pa mtengo wa feteleza, anakhotera pa bondo lawo limene likuwavuta akamaponda kilachi, n'kubwereranso pa mvula. Ine maso anali pa wotchi ya pakhoma. Kudula mkulu pakamwa n'kosayenera, koma itakwana 3 koloko ndinalephera kupirira.

"Che Mussa, pepani, ndikudziwa chimene akutumani. Musavutike. Ine ndaganiza zoti ndirizaine. Ma results sakuyenda, ndipo kochi aliyense amaweruzidwa ndi ma results."

Anaika kapu pansi pang'onopang'ono.

"Ma results ati?"

"Magemu folo tawaluza."

"Aa, amenewo? Wallahi, palibe amene wawatchula. Ife kuluza tinayamba kale inu musanabwere, ndipo tinkapita kunyumba tikuseka." Anapukuta zala ndi kapepala. "Nkhani ndi ya a Gondwe."

Ndinachita kuganiza kaye kuti a Gondwe alakwa chiyani. Ndi bambo wa ku Rumphi, mlonda pa kachipatala kena, wa zaka zopitirira makumi anayi, wathupi, wothamanga ngati wasenza thumba la chimanga. Sajomba, sadandaula, ndipo ndi iwo amene amatolera mabotolo a madzi masewero akatha.

"A Gondwe amakhala ku Industrial," anatero Che Mussa. "Mabasi awiri kubwera, mabasi awiri kubwerera. Ofu yawo ndi imodzi ngati yanu. Mukudziwa kuti akhala pa benchi ma Friday angati?"

Sindinkadziwa. Ine amene ndingakuuzeni mutandidzutsa kutulo kuti manijala wakutiwakuti anachoka pa timu yakuti itatsala malo angati kuti ituluke mu ligi, ine amene ndili ndi kope lolembamo gemu iliyonse ya katimu kathu, zigoli ndi ozigoletsa, za okhala pa benchi ndinali ndisanalembepo.

"Ileveni. Mwana wawo amawafunsa chithunzi ali m'bwalo. Iwo amajambulitsa gemu isanayambe, atavala jezi, n'kutumiza. Ndipo si okha, alipo ena sikisi. Anyamata akuti kuno si ku Mangalande, akochi. Kumeneko wokhala pa benchi amalandira malipiro ake n'kukwera galimoto yake. Kuno munthu waima maawazi thwelofu tsiku lililonse, wabwera kuti athamangeko, aiwale. Inu mukumuimikanso."

Ndinafuna kunena kuti timu imasankhidwa potengera luso, kuti manijala womvera chisoni sakhalitsa. Manyazi anandigwira, enieni, ofika mpaka m'makutu.

"Bwanji sanandiuze?"

"Akuuzeni bwanji, inu akuluakulu, muli ndi kope m'manja? Wakutsina khutu ndi mnansi, ndiye ndabwera ine. Komiti ikuti Yamikani azisankha timu kuyambira sabata yamawa, inu mukhale mlangizi." Yamikani ndi kapiteni wathu, woperekera zakudya mu hotela. "Koma lero gemu ndi yanu. Ndipo a Gondwe kontirakiti yatha, khalasi. Ndege yawo ndi ya Lamlungu."

Ndinayang'ana wotchi. Inali hafu pasiti 3, ndipo bwalo timalowa hafu pasiti 4. Chapati yanga ndinaisiya yolumidwa kamodzi.

Kubwerera ku Msheireb ndinkachita kusiya Che Mussa m'mbuyo, n'kuima, n'kuwasiyanso, iwo akukoka bondo lawo n'kumati, "Yala, yala, tiyeni, tipeza." Siteshoni imeneyo ndi yaikulu ngati msika, masitepe oyenda okha kutsika, kukhota, kutsikanso, ndipo sitima yopita ku Al Sadd inatitsekera chitseko tikuiona. Mphindi zodikira inzake ndinazithera ndikuyendayenda pa pulatifomu. Titakwera ndinatulutsa pepala la timu limene ndinalemba Lachiwiri, ndinalitsamiritsa pa bondo, ndinafufuta dzina la mnyamata wathu wothamanga kwambiri n'kulemba Gondwe kutsogolo, nambala 9. Kenako ndinayamba kufufuta ena. Pofika pa Bin Mahmoud pepalalo linali litada ngati la mwana wa sitandade 2, ndipo onse asanu ndi awiri anali m'timu yoyamba. Ndinkadziwa kuti a ku Uganda atimwetsa zigoli zosawerengeka, koma kwa nthawi yoyamba zimenezo sizinandikhudze.

Pa Al Sadd tinatuluka 4 koloko itadutsa. Kabasi kaulere kochokera pa siteshoni kanali katangonyamuka, tinangokaona msana. Ndinaitana takisi ya pafoni, mariyali khumi ndi awiri, ndalama imene masiku ena ndikanaiumira n'kuyenda wapansi. Dalaivala anali wa ku Pakistan, wodekha mopweteketsa mtima. Ndinamupempha kuti aponde pang'ono.

"Mafi mushkila," anatero, kutanthauza kuti palibe vuto, n'kuloza kamera ya pamsewu. Liwiro silinasinthe.

Maloboti a ku Al Sadd akakugwira amakusunga mpaka uiwale kumene ukupita. Tinadutsa mashopu a mafoni, zipatala za mano, malesitilanti akuyamba kutsegula, ine ndikungotembenuza pepala lija m'manja. Ndinaganiza zowaimbira a Gondwe, koma ndinafuna kuti ndikawauze pamaso, anthu onse akumva. Ngakhale pamenepo, mukuona, ndinkafunabe kuti chioneke chokoma ndi cha akochi.

Tinafika pa bwalo kutatsala mphindi khumi. A ku Uganda anali atayamba kale kuthamangathamanga pa kapeti wobiriwira, athu atakhala mozungulira akumanga zingwe za nsapato. Atationa tikutsika limodzi ndi Che Mussa, onse anaweramitsa mitu, aliyense kutanganidwa ndi chingwe chake. Ndinatsitsa chikwama, ndinayang'ana uku ndi uku. Ndinawerenga nkhope kawiri.

"A Gondwe ali kuti?"

Yamikani anaimirira, manja kumbuyo.

"Sabwera, akochi. Mnzawo wa ku Nepal anawapempha kuti amugwirire shifiti, ndiye avomera."

Ndinapita kuseri kwa golo n'kuimba foni. Inaitana nthawi yaitali. Atayankha ndinamva phokoso la chitseko cha galasi chikutseguka ndi kutsekeka.

"Akochi, mwaswera bwanji? Pepanitu sindinatsanzike bwino."

Ndinawauza kuti ali m'timu yoyamba, nambala 9, kuti akwere takisi ndilipira ine, kuti ngakhale atafika hafu yachiwiri malo awo adzawapeza.

"Aa, zikomo kwambiri, akochi. Koma ndili pa duty, pageti sindingasiyepo. Musadandaule, ndinaona kuti timu ili bwino popanda ine." Anaseka pang'ono, kuseka kopanda mkwiyo, kumene kunandipweteka kuposa kutukwana. "Nsapato zanga ndamupatsa Yamikani, saizi ndi imodzi. Muuzeni asamale, n'zatsopano. Sizinagundepo mpira."

Nditatembenuka ndinaziona ku mapazi a Yamikani, zofiira, zopanda ngakhale kachikanda. Ndinawerenga mayina a papepala lija, asanu ndi mmodzi otsalawo anayang'anana ngati sanamve bwino, ndipo pa nambala 9 ndinangotchula amene anali pafupi. Mawu aja ndinakonza m'sitima sindinawanene. Ndinatulutsa wezulo n'kumupatsa Yamikani gemu isanayambe, ndipo ndinapita kukakhala pa benchi pambali pa Che Mussa.

Benchi imeneyo ndi yachitsulo, yopanda chotsamira, ndipo dzuwa likamapendeka limakulasa m'maso. M'zaka ziwiri za ukochi wanga ndinali ndisanaikhalepo, chifukwa ndinkaima pamzere n'kumakuwa. Mamanijala a ku Mangalande mbiri yawo imalembedwa ndi masewero amene anapambana ndi amene anagonja, ndipo inenso ndinkadziyeza ndi muyeso womwewo. Mbiri yanga yeniyeni ndinaiwerengera pa benchipo. Ola limodzi ndi theka ndi lalitali kwambiri ukakhala pansi, ndipo a Gondwe anakhalapo kakhumi ndi kamodzi, nsapato atamanga.