Bondo la Atsibweni

Bondo langa ladzuka likuwawa, ndiye ndauza ana kuti asayanike ufa. Ine amene ndinakalambira pa kanema ndikulengeza zanyengo, lero ndikudalira bondo ngati atsibweni anga a Jailosi.

Ndili kamtsikana kwathu ku Nsaru, atsibweniwo akangogwira bondo n'kunena kuti, "Likuwawa ili, mvula ili pafupi," amayi ankathamanga kukaanula ufa. Ndipo inkagwadi. Ine ndinkangoti bondolo ndilo limaitana mvula.

Chaka china kunachita ng'amba. Chimanga chinafota, masamba ake n'kupotana ngati anyezi, ndipo amayi anasiya kuseka. Ndinapita kukafunsa.

"Atsibweni, kodi bondo silikuwawa?"

"Iyayi mwanawe, lili bwinobwino."

Zinandinyansa. Ife tife ndi njala iwo ali bwinobwino?

Masana atagona pamphasa pansi pa mtengo wa mango, ndinatenga mthiko n'kulimenya bondolo, pha!

"Mayo ine! Mwana uyu wapenga eti?"

"Likuwawa tsopano?" ndinafunsa mwaulemu, nditagwada.

Amayi anandikwapula ndi mthiko womwewo. Koma misozi isanaume kunja kunada, kafungo ka dothi lonyowa kanafika, mvula n'kukhuthuka mpaka m'mawa. Kuyambira pamenepo, kukangochita ng'amba atsibweni ankagona m'nyumba atapiringidza chitseko.

Pa kanema, ndi mapu onse aja, ndinaphonya kambirimbiri. Tsiku lija sindinaphonye. Koma nkhaniyi adzukulu anga sindinawauze. Chaka chino mvula yachedwa, ndipo mthiko amadziwa pomwe umakhala.