Chaka Chomwe Tinalima Kapinga

Ana a masiku ano akandifunsa kuti umphawi unalowa bwanji pakhomo pathu, amayembekeza kuti nditchula dzombe kapena chilala. Ayi ndithu. Chaka chomwe tinasauka mvula inagwa bwino, matenda kunalibe. Tinasauka chifukwa amuna anga anali ndi nzeru.

Munda wathu unali ku Chirimba, m'munsi mwa phiri. Amayi anga analima momwemo, amayi awonso momwemo. Koma mzungu wina anali atagula dera lonselo ife osadziwa, ndipo tinangouzidwa kuti tsopano ndife alendo pakhomo pathu pomwe. Lendi yake inali thangata: mwamuna aliyense ankayenera kukagwira ntchito kwa bwanayo. Tsono bwana sankafuna anthu m'chilimwe, pamene amuna amangokhala pamthunzi n'kumasema mipini. Ankawafuna m'dzinja, nthawi yopalira.

Chaka chimenecho amuna anga anawaika kunyumba kwa bwana, cha ku Kabula. Tsiku loyamba anabwerako akuseka okha.

"Mayi a ana, mukudziwa ntchito andipatsa? Ya kapinga."

"Kuzula?"

"Kubzala. M'mizere. Akuti ndizithiriranso."

Ndinayandikira kuti ndimve ngati adzera ku mowa. Kapinga ndi udzu womwe ine ndinkalimbana nawo ndekha m'munda, mwana ali kumbuyo, chiuno chikuwawa. Koma dona, mkazi wa bwana, ankafuna kuti pabwalo pake pabiriwire ngati kwawo, ndiye ankatuma amuna akuluakulu, a ndevu zawo, kukasaka kapinga m'mbali mwa mtsinje wa Mudi.

Apa m'pamene nzeru zija zinabwera. Amuna anga anauza kapitawo, woyang'anira antchito, kuti akudziwa malo a kapinga wonenepa. Kapitawo anavomera. Kuyambira pamenepo, m'mawa uliwonse ankapalira munda wathu womwe, kumanga udzuwo m'mitolo, kusenza, ulendo wa ku Kabula, ndipo tsikulo linkatengedwa kuti agwira thangata. Anzawo atamva anayamba kudzipereka kudzathandiza, poti kwathu kunali thobwa. Munda wanga sunayerepo choncho. Ndinanyada, ndisaname. Kuchitsime ndinkayenda ngati mkazi wa kalaliki.

Vuto linali lakuti kapinga wathu anagwira. Wa ku Mudi ankachita chikasu, wathu ankangobiriwira. Madona a ku Limbe akabwera kudzamwa tiyi ankawerama n'kumamusisita, ndipo aliyense anafuna wake. Dona anafunsa komwe udzuwo ukuchokera. Tsiku lina tinangoona machila akutsika njira ya kwathu, onyamula thukuta lili kamukamu. Dona anatsika, nazungulira munda wonse, nalankhula nthawi yaitali akuloza ndi ambulera. Kapitawo anamasulira.

"Akuti malo ano ndi abwino zedi. Koma akufunsa kuti zitalizitalizi mwazisiyiranji. Zikutchinga dzuwa."

"Zitalizitali ziti, bambo?"

"Chimangachi, mayi."

Chimangacho chinali chitayamba kumasula. Ndinati ndi chakudya cha ana anga. Kapitawo sanamasulire n'komwe. Anangondikumbutsa motsitsa mawu kuti nthaka ndi ya bwana, ndipo wosafuna akhoza kusamuka. Sindinamutukwane, chifukwa nayenso nyumba yake inali pa nthaka yomweyo.

M'mawa mwake anthu a thangata anabwera ndi makasu kudzapalira kapinga. Anazula chimanga chonse, mosamala, kuti asavulaze udzu. Amuna anga, poti ndi amene ankaudziwa bwino mundawo, anawaika patsogolo. Ntchito itatha dona anawapatsa chipewa chakale cha bwana ngati mphoto, ndipo anachivala, chifukwa kukana ukanakhala mlandu wina. Sindinawalankhule mpaka mvula inatha. Ndinkadziwa kuti ankangofuna kutipulumutsa, koma chipewacho ndikachiona mtima unkanyamuka.

Kapitawo anatilozera malo ena olima, pamiyala, pomwe ngakhale kapinga ankakana. Nkhokwe yathu inasanduka chogona cha nkhuku, kenako nkhukuzo tinadya. Mbuzi zinapita, mbewu yosunga tinakazinga. Ine ndinkayenda maganyu osinja m'makomo mwa anthu, malipiro ake gaga. Mphunzitsi wina wa ku mishoni, atationa, anatilangiza mwachikondi kuti anthu akuda tikadasiya ulesi njala sikadatipeza. Ankanena zimenezi amuna anga akudutsa ndi mtolo wa kapinga pamutu, chipewa ali nacho m'manja.

Ana anayamba kutupa miyendo. Pakamwa panali pambiri, ndiye mwana wathu woyamba, wamkazi, yemwe anali asanathe n'komwe msinkhu, tinamupereka kwa dona kuti akalere khanda lake, azikadya komweko. Ndinalira popita naye, ndinaliranso pobwerera.

Patapita miyezi ndinapita kukamuona. Ndinamupeza atanenepa, atavala diresi yoyera, akukankha kangolo ka mwana. Atandiona pachipata anamwetulira, ine n'kuyamba kuthamanga molunjika pomwe anali. Anakweza dzanja.

"Amayi, dzerani uko. Pa udzupo saponda."

Ndinaima. Ndinayang'ana pansi. Unali wokongola ndithu, wometedwa bwino, wopanda chitsotso n'chimodzi chomwe. Ndinaudziwa, unali wa m'munda mwa amayi anga. Ndinabweza phazi, n'kuzungulira kuseri, kodzera antchito.