Adachapa Makina a Mdzukulu Wanga

Ine ndine woimba, ee, woimba ine. Pokumba kachewere nyimbo, popemphera ku igereja nyimbo. Koma izi ndikamanena, mawu amangotuluka okha, osatentha, osazizira.

Mdzukulu wanga adali ndi kabaraka ka malonda pa merikado, msika wa ku Furancungo, momwe anthu ankasewera mpira wa pa televizau. Makina ake adawatsegulitsa m'mimba kuti azilandira majogu okopera. Ndidamufunsa ngati si kuba kumeneko.

"Agogo, madisiko ndidagula, koma amakalika. Ndangosunga mbewu, monga inu nyemba m'chikwatu."

M'jogumo adadziumbamo yekha. Mutu wake wautali uja, dzina kumsana, timu yake Ntengo-Wambalame. Akabwera kumudzi ankalumikiza ku batire n'kumakuwa, "Agogo, ine ndi uyo!" Ine nthungululu, ine kuvina, kamunthu kali liwiro.

Mota, njinga yamoto, idamugwetsa nthawi ya mvula. Tidamuika.

Tsiku logawa katundu wa malemu, amalume ake, mwana wanga wamwamuna amene ndi purofesoro wophunzitsa sukulu ku Tsangano, adaika makinawo pamphasa.

"Amayi, ichi ndi pirata, chakuba. Leyi, lamulo la boma, imakana. Akachipeza pakhomo pathu, ntchito yanga ili m'madzi."

Mlongo wake wa malemu adaseka. "Iii amalume, leyi yanuyo idzafika bwanji kuno? Chapa yonyamula anthu imene ikukanika kufika!"

"Khala chete iwe. Amayi, tichite kaye limpari, kenako chikhale chanu."

Limpari ndimaidziwa ine, ndi kuchapa. Zovala za malemu timachapa tisanagawe, bulangete timachapa. Ndidati chapani mwanangu, chapani bwino, chibwere choyera.

Chidabwera choyeradi. Mtsikanayo adalumikiza, adaikamo disiko yokalika, adafufuza, adafufuza. Kapinga yemweyo, mpira womwewo, anthu onse achilendo.

"Nanga iye ali kuti?"

"Agogo, limpari ndi kufafaniza zonse. Mudavomera nokha."

"Mbewu ija?"

"Idali momwemo."

Sindidalire. Ndidangokhala, kuyang'ana kapingayo mpaka batire idatha. Mwana wanga akuti sankadziwa kuti mnyamatayo adali m'menemo, ndipo ndimamukhulupirira. Akuti leyi ndi leyi. Kaya.

Mtsikanayo adati atha kuumba wina. Adaumbadi, mutu wautali, dzina kumsana. Lamulungu tikaweruka amandiyatsira. Kamunthuko kamathamanga, ee, kamathamanga ndithu, nthawi zina kamagoletsa. Nthungululu ndidayesa kamodzi, lilime lidangogona. Ndimakhala pamphasa, manja pamiyendo, kudikira wondiuza kuti ine ndi uyo.