Khomo la Nyumba ya Amayi

Ndinanyamuka kwathu kwa Mkhumba dzuwa litangotuluka, nditakwiya kale. Mmisiri anali atanena kuti mawa lake akumba maziko a nyumba ya amayi, koma za khomo tinali tisanamvane. Ine ndimafuna liyang'ane kuphiri, poti amayi amakonda kukhala pakhonde n'kumaliyang'ana. Mng'ono wanga Fanuel, amene ali ku Joni, amati liyang'ane kumsewu, poti madzi achigumula amatsikira kuphiri komweko. Tinatukwanizana mpaka kusiya kuimbirana. Chinatsala pakati pathu ndi pulogalamu ya pafoni yojambulira pulani ya nyumba, yoti wina akasintha mnzake aone. Yanga inkangozungulira, osatumiza kanthu. Ndiye ndinati ndipite paboma akaikonze, khomo langa limupeze komweko.

Wakabaza wa njinga yamoto anati K4,000. Ndinamuuza kuti ndi wakuba.

“Ndiye yendani wapansi, bambo, mukasunga ndalama n'kutha nsapato.”

Ndinakwera. Fumbi la msewu umenewo limalowa mpaka m'mano. Pamtsinje wina tinatsika n'kukankha njinga, ndipo m'minda munali miyala ikuluikulu ngati nkhokwe, yogubuduzika kuchokera kuphiri. Wakabaza analoza ndi mlomo: “Apo panali nyumba.”

Paboma tinafika dzuwa litakwera. Ndinamwa tiyi ndi chinangwa chophika, kenako ndinalowa m'kontena ya mayi wina wokonza mafoni. Ndinaiponya foni patebulo.

“Chinthu chachabechabe ichi!”

“Foni ilibe mlandu, achimwene. Pulogalamuyi munaitenga kuti?”

“Anandithirira aphunzitsi ena kuchokera m'foni mwawo.”

“Eya, ndiye inabwera yoperewera.”

Anandifotokozera kuti mkati mwa pulogalamu mumakhala timafayilo timene amatitcha laibulale. Ntchito yake n'kuona chimene chasintha kuno, kuchinyamula pa intaneti, n'kubwera ndi chimene chasintha uko, mpaka mbali zonse zifanane. Wopanga pulogalamu salemba yekha timeneto, amangobwereka. Amene amatilemba ndi anthu a m'mayiko osiyanasiyana, ena osaonanapo nkhope, ndipo ambiri amangopereka ulere.

“Ulere? Nanga amadya chiyani?”

“Mukawafunse. Ine ndimangodziwa kuti zimagwira ntchito.”

Anasunga kaye chojambula changa, n'kuikamo pulogalamu yathunthu. Foni inanjenjemera. Panatuluka makomo awiri, langa lakuphiri ndi la Fanuel lakumsewu, ndi funso loti tisunge liti. Abale anga, kanthu kosaoneka n'komwe kanadziwa kuti anthu awiri asemphana, ndipo sikanafufute la aliyense. Ine ndi Fomu 4 yanga ndikanafufuta la mnzanga osafunsa.

Ndikutambasula chala kuti ndisankhe langa, mzere wobiriwira unayamba kuyenda wokha pakhoma lakuphiri.

“Musakhudze!” ndinakuwa.

“Manja anga ndi awa. Ameneyo ndi m'bale wanu, foni yamudziwitsa kuti mwalowa.”

Munthu ali ku Joni, ine ndili m'kontena yotentha ku Phalombe, koma chala chake ndimachiona chikuyenda, chikukhota, chikubwerera kukakonza, monga ankachitira polemba ali Sitandade 3. Ankajambula windo. Windo lalikulu, lokwera bwino kuchokera pansi, loyang'ana kuphiri, pafupi ndi pamene pakhale bedi la amayi.

Ndinasankha khomo lakumsewu, chinthu chimene akazi anga sakhulupirira mpaka lero. Windolo ndinalikulitsa pang'ono, poti mwanayo ndi woumira chibadwire. Iye sanalibweze.

Pobwerera wakabaza yemwe uja anandifunsa ngati ndawina mlandu. Ndinamuuza kuti ayang'ane msewu. Zimene ndinaphunzira n'zakuti kuli anthu osadziwika amene anakhala pansi n'kuganizira za anthu aliuma ngati ine, kuti tikasemphana pasatayike mawu a wina aliyense. Ndinafika madzulo mmisiri akunola khasu, ndipo ndinamuonetsa foni.

“Ndani wagonja?” anafunsa.

“Kumbani maziko, bambo. Khomo kumsewu.”