Kusaka Mvula Mpaka ku Karen

Ndinanyamuka ku Umoja, dera limene ndinkakhala, 11 koloko m'mawa, kamera yobwereka nditaikulunga m'majumbo atatu. Unali mwezi wa Epulo, nyengo ya mvula yaikulu ku Nairobi. Mkulu wina wa kampani ya mafilimu anali atandilonjeza ntchito yojambula nyengo zoopsa, bola ndimubweretsere mphindi khumi za mvula yamkuntho pofika Lachisanu. Tsikulo linali Lachinayi.

Matatu, minibasi yakumeneko, inali mashilingi 20 kukafika m'tauni. Ndinakhala pawindo, khosi lili panja ngati nkhuku ya pa njinga. Kondakitala anandifunsa chimene ndinataya kumwambako. Nditamuuza kuti ndikusaka mvula, anaulutsa nkhaniyo m'minibasi monse, ndipo mayi wina anati ndipite kwawo ku Kibera, kumene mvula imachita kuwapeza pabedi.

M'tauni munali dzuwa lokhalokha. Ndinadya chimanga chootcha chopaka tsabola ndi ndimu, uku ndikuonera mitambo ikuunjikana cha ku mapiri a Ngong. Ndinakwera minibasi ina ya ku Karen, kufupi ndi mapiriwo, mashilingi 30.

Pofika 3 koloko ndinali m'mbali mwa msewu, kumwamba kuli bii, mitengo ikuwerama. Mtima unali phaphapha ndi chimwemwe. Ndangoika diso pa kamera, galimoto inaima.

"Kodi si mwana wa a Mbewe uyu? Lowa msanga."

Anali a Gondwe, mkulu wa mpingo umene Amalawife tinkapempherako.

"Bambo, ndili pantchito pang'ono."

"Ntchito yake iti pamsewu? Mayi ako akadzamva kuti ndinakusiya ukunyowa, ndidzawayang'ana ndi maso ati?"

Ndinalowa. Ndinaganiza kuti ndikajambulira pakhonde pawo.

Kunyumbako ndinapeza alendo asanu ndi awiri ochokera kumudzi. Anandikhazika pampando wopereka msana kuwindo, moni n'kuyambika, mmodzimmodzi.

"Muli bwanji?"

"Ndili bwino, kaya inu?"

"Nanga kunyumba?"

Pa munthu wachitatu matalala anayamba kuswa malata. Pa wachisanu chimtengo cha jakaranda chinagwera pageti, ine ndikufotokoza za chifuwa cha azakhali anga a ku Dedza. Womaliza anali bambo wosamva bwino, choncho moni wawo tinaubwereza katatu. Misozi inalengeza, kamera ili phee pamiyendo.

Moni atatha ndinadzuka, koma a Gondwe anakweza dzanja.

"Mvula iyi ipweteka anthu. Mwana wa a Mbeweyu atipempherere kuti ileke."

Aliyense anatsinzina. Ndinapemphera, mofooka dala, koma ndisanafike pa ameni kunja kunali zii. Anandiyamikira kwambiri, mayi wina mpaka anati ndili ndi mphatso.

Ndinabwerera ku Umoja madzulo ndi mphindi zinayi za madzi akudontha padenga. Ntchito anailanda mnyamata wa ku Kenya. Sindinadabwe. Anthu a ku Kenya, wina akati "Sasa", mnzake n'kuti "Poa", moni wathera pomwepo, munthu ali kale panja ndi kamera.