Vitus Chimwaza ndi Mpira Wonga Papaya

A Vitus Chimwaza akamafotokoza mbiri yawo amati anasewera mpira wa ku Amereka zaka zisanu ndi chimodzi, ndipo mpirawo anaukhudza kamodzi kokha. Akatero amaseka mpaka kutsokomola.

Anafika ku Nairobi mu 1977 kuchokera ku Dedza, kudzagwira ntchito yosunga mafayilo pa bungwe lina la mayiko ambiri. Anali chimunthu chadzitho, mapewa ngati chitseko, moti akakwera minibasi, imene kumeneko amati matatu, ku Hurlingham kondakitala ankang'ung'udza m'Chiswahili. Thupi limeneli ndi limene linakopa James, Mmereka wa mu ofesi mwawo.

"Vitus, mpira mumautha?" anafunsa James.

A Chimwaza anavomera msangamsanga, poti kusukulu anali goloboyi wodziwika. Loweruka atafika pabwalo la sukulu ina anapeza mpira wosongoka uku ndi uku ngati papaya, anthu akuthamanga nawo m'khwapa popanda woimba wezulo. James anawafotokozera kuti Amereka a m'mabungwe amapikisana ndi anzawo a ku ofesi ya kazembe kamodzi pachaka, mu Novembala, kenako onse amakadya nkhukundembo.

"Inu muziwerama apa. Ndikakuwa, muzikankha munthu amene ali kutsogolo kwanuyo."

"Nanga mpira?"

"Mpira si wanu."

Ntchito inali yomweyo basi. Ankawerama, kukankha, kugwa, kudzuka, kuweramanso. Malamulo sanawamvetse mpaka lero. Ankadziwa kuti achinya akaona James akulumpha. Komabe kumudzi analemba kalata yoti tsopano akusewera ndi azungu, naikamo chithunzi atavala malaya a nambala 74. Malume awo anachionetsa msika wonse wa ku Linthipe, nkhani n'kukula yokha mpaka kumveka kuti mwana wa Chimwaza akupita ku Amereka. Iwo sanatsutse.

Akazi awo, a Modesta, anakaonera kamodzi. Pobwerera anangoti, "Bambo a Lenah, ndaona mukugwada masana onse. Kutchalitchi bwanji mumati maondo akuwawa?"

Tsiku lalikulu linafika mu 1982. Masewera atatsala pang'ono kutha, James anagwetsedwa, mpira n'kumupulumuka, n'kudumphadumpha mpaka kudzaima pamapazi pa a Chimwaza. Timu yonse inakuwa kuti augwere. Koma mwendo wa goloboyi wakale sunadikire mutu. Anaumenya theche lamphamvu, mpira unadutsa pamwamba pa mpanda, n'kukagwera m'lole ya makala imene inkalowera cha ku Ngong. Dalaivala sanamve kanthu.

Mpira wa mtundu umenewo unali umodzi wokha pakati pa matimu awiriwo. A Chimwaza anathamangira lole ija mpaka pamphambano, akukuwa m'Chichewa, m'Chingerezi ndi m'Chiswahili chawo chothyokathyoka, anthu m'mbali mwa msewu akuyesa kuti aberedwa. Anabwerera chimanjamanja, thukuta lili kamukamu, manyazi atawagwira moti anafuna kungozemba osadya. James, akadali kupukuta misozi ya phwete, anawapeza kuseri kwa galimoto.

"Zaka zonsezi mwendo umenewu munkaubisa kuti?"

"Munati mpira si wanga," anayankha a Chimwaza.

Mpira watsopano unabwera pa ndege chaka chotsatira, James atalonjeza kuti a Chimwaza ndiwo azimenya matheche onse. Koma kutatsala sabata imodzi a Chimwaza anaterereka pa masitepe a ku ofesi atanyamula mafayilo, bondo n'kuguluka. Masewerawo anaonera ali pampando, mwendo uli m'chikhakha, a Modesta akuwapatulira nyama m'mbale.

Anabwerera ku Malawi mu 1986 n'kutsegula chigayo pa Linthipe. Amene amabwera kudzagayitsa amawatchulabe kuti a Amereka, ngakhale kutali kwenikweni kumene anafikako ndi ku Mombasa, pa sitima, ulendo wa msonkhano.